Filimu ya agogo oona zideruderu: pamene ntchito yafika

Filimuyi ndi yaifupi, tikufuna isapitirire mphindi 12. Malo ndi amodzi, chipinda cha zenera limodzi ndi chitseko chimodzi. Olankhula ndi awiri: agogo aakazi amene maso akuwathera pang'onopang'ono, ndi mdzukulu wawo wamkazi amene amabwera kudzawaona. Ena onse ooneka m'chipindamo kulibe, amawaona agogo okha. Kujambula kwatha kupatula chigawo chomaliza, ndipo pano tili pa ntchito yodula ndi kulumikiza. Ndikulemba kuti aliyense m'gulu adziwe zimene tagwirizana, zimene tataya, ndi zimene tikukanganabe.

Maziko a filimu

Mu 1760, Charles Bonnet wa ku Geneva analemba za agogo ake aamuna, Charles Lullin, amene maso awo anali ataonongeka ndi ng'ala. Mkuluyo ankaona anthu, mbalame, ngolo ndi nyumba zikutulukira pamaso pake n'kuzimiririka, koma mutu wake unali bwinobwino ndipo ankadziwa kuti zinthuzo kulibe. Lero madokotala amalitchula vutoli ndi dzina la Bonnet. Limagwira kwambiri okalamba amene maso afooka, ndipo si misala. Maso akasiya kutumiza uthenga wokwanira, mbali ya ubongo imene imaona siingokhala pansi, imayamba kudzipangira yokha zithunzi. Mu 1998 gulu la Dominic ffytche ku London linaunika ubongo wa anthu otere pa nthawi yeniyeni imene akuona zideruderu, ndipo linapeza kuti mbali imene ikugwira ntchito ikugwirizana ndi chimene munthuyo akuona. Akamaona nkhope, ndi mbali yozindikira nkhope. Akamaona mitundu, ndi mbali ya mitundu.

Pa zimene anthu amenewa amafotokoza, zitatu ndi zimene zatimangira filimu. Zimene amaonazo kawirikawiri zimakhala zooneka bwino kwambiri, kuposa dziko lenileni limene kwa iwo lasanduka chimbuuzi. Sizitulutsa mawu. Ndipo kwa ena zimachoka munthu akaphethira, akatembenuza maso, kapena kuwala m'chipinda kukasintha.

Choyambacho ndicho chinatembenuza zonse. Mafilimu ambiri akafuna kusonyeza kuti munthu wayamba kuona zinthu zomwe palibe, chithunzi chimayamba kugwedera, mitundu imasokonezeka, mawu amayamba kubwereza ngati m'phanga. Woonera amamvetsa nthawi yomweyo kuti apa tachoka m'zenizeni, ndiye amakhala pampando wake ali phee, akuonerera mavuto a wina. Kwa mwini wake sizikhala choncho. Chimene palibe ndicho chimaoneka bwino kuposa zonse. Lamulo lathu ndi lomwelo: chenicheni chizioneka mwachimbuuzi, chabodza chizioneka mpaka ulusi wa malaya. Maso a woonera amathamangira pamene paoneka bwino, ndiye tikufuna awakhulupirire maso akewo kaye, kenako azindikire kuti amupusitsa.

Kuyesa kamera: chimbuuzi

Tinayesa njira zitatu zopangira chimbuuzi, ndipo ziwiri zatsika.

Kungosuntha lenzi kuti chithunzi chisaoneke bwino n'kosavuta, koma zotuluka zake n'zokongola mopitirira. Nyali iliyonse imasanduka kampira kowala, ndipo woonera amaona luso la lenzi, osati diso lodwala. Kuchita pa kompyuta kuli ndi vuto lina: chimbuuzi chake chimafanana paliponse, kuyambira pakati mpaka m'mphepete, pamene diso la ng'ala limachita zambiri. Limamwaza kuwala, limachititsa mitundu kuzilala ndi kupita kuchikasu, ndipo zenera lowala limameza chilichonse chimene chaima patsogolo pake.

Yatsala ndi njira yakale ya ojambula: galasi loyera lomangirira kutsogolo kwa lenzi, lopakidwa Vaseline pang'ono kwambiri ndi chala. Pa lenzi penipeni sitipaka. Ubwino wake ndi woti kuwala kwa pazenera kumamwazika kwenikweni, osati mongoyerekeza, ndipo mdzukulu akaima pakati pa agogo ndi zenera nkhope yake imasungunukiratu, kutsala mutu ndi mapewa okha. Tikusunga magalasi angapo opakidwa mosiyana, aliyense ndi nambala yake, chifukwa lopakidwa lero silifanana ndi la mawa, ndipo chimbuuzi chikasintha pakati pa zigawo popanda chifukwa chimasokoneza lamulo lathu.

Kuyesa kamera: alendo a agogo

Anthu amene amawaona agogo okha aja, m'gulu timawatcha alendo, chifukwa ndi mmene agogo amawatchulira m'filimumo. Alipo bambo wa chipewa chachitali amene amaima pafupi ndi chitseko, ana awiri ovala mofanana, ndi mzere wa tianthu ting'onoting'ono toyenda m'mphepete mwa tebulo. Zipewa, zovala zachilendo ndi tianthu totere zimatchulidwa kawirikawiri ndi anthu a vutoli, ndiye sitinafunike kupeka zoopsa.

Wina anatikumbutsa za njira imene John Henry Pepper anaonetsa pa siteji ku London mu 1862, ya galasi loimika mopendeka limene limaonetsa munthu wobisika pambali ngati waima pakati pa chipinda. Tinayesa, ndipo imagwira. Koma munthuyo amaonekera mkati, khoma likuoneka kuseri kwa chifuwa chake, ndipo aliyense akaona zimenezo amati mzukwa. Filimu yathu si ya mizukwa. Alendo ayenera kukhala olimba ngati mpando.

Choncho chigawo chilichonse cha alendo tachijambula kawiri, kamera itamangidwa osaisuntha ngakhale pang'ono. Koyamba chipinda ndi anthu enieni, galasi lopakidwa lili pamalo pake. Kachiwiri mlendo yekha, galasi litachotsedwa. Pa kompyuta tikumudula mlendoyo n'kumuika m'chithunzi choyamba. Chovuta ndi m'mphepete mwa thupi lake. Tikadula molunjika kwambiri amaoneka ngati pepala lomatidwa, tikafewetsa kwambiri amayamba kulowa m'chimbuuzi n'kukhala ngati weniweni. Pakati pake m'pochepa, ndipo tsitsi ndi limene likudya nthawi.

Za mthunzi tinakangana kwambiri ine ndi wojambula wathu. Iye ankati mlendo wopanda mthunzi amaoneka woyandama, ndipo woonera adzaganiza kuti ntchito sitiidziwa. Ine ndinkati mthunzi ndi umboni woti chinthu chatseka kuwala, ndipo chimene chili m'ubongo sichingatseke kuwala kwa pazenera. Tagwirizana pakati: mthunzi wautali wogwera pakhoma kapena pansi palibe, koma kamdima kakang'ono ka pansi pa nsapato tasiya, kuti phazi ligwire pansi. Nditaziona pa sikirini yaikulu ndinaona kuti kamdimako kakuchita zambiri. Munthu amakhala kuti waimadi m'chipindamo, koma dzuwa silikumudziwa.

Kanthu kena kakang'ono. Filimu yonse ndi ya zithunzi 25 pa sekondi. Alendo tawajambula pa 30 n'kuwaseweretsa pa 25, ndiye mayendedwe awo achepa liwiro ndi gawo limodzi mwa magawo 6. Palibe amene angaloze kuti apa mwachedwetsa, koma dzanja la bambo wa chipewa likamakwera limakhala ngati likulemera kuposa dzanja la munthu.

Zimene tataya

Tinayesa kuononga fayilo dala, kuchotsa zithunzi zathunthu zimene vidiyo yopanikizidwa imadalira, kuti chithunzi chimodzi chizisungunukira m'chinzake. Anzathu amazitcha datamosh. Zinatuluka zochititsa chidwi, koma zikunena za kompyuta yodwala, osati diso. Zatuluka.

Tinali ndi chigawo cha kuthwanima kwa kuwala, ndipo ichi chinandiwawa kuchitaya chifukwa mbiri yake ndi yaitali. Jan Purkinje analemba mu 1819 kuti munthu akatsinzina moyang'ana dzuwa n'kumagwedeza zala patsogolo pa maso amaona timizere ndi timabokosi. Heinrich Klüver, amene anayamba kufufuza m'ma 1920 za mescaline, mankhwala ochititsa munthu kuona zideruderu, anaika zooneka zotere m'magulu 4: ukonde, ulusi wa kangaude, mphanga ndi zozungulira. Opanga mafilimu oyesera akhala akugwiritsa ntchito kuthwanima kuti zithunzi zibadwire m'maso mwa woonera osati pa sikirini. Koma kuthwanima kumagwetsa anthu ena khunyu. Mu December 1997 ku Japan, chigawo china cha katuni ya pa kanema ya Pokémon chimene chinali ndi kuwala kofiira ndi kwa buluu kosinthana mofulumira chinapititsa anthu oposa 600 kuchipatala, ambiri a iwo ana. Malangizo amene a wailesi za kanema ndi okonza masamba a pa intaneti amatsatira ndi oti kuwala kusathwanime koposa katatu pa sekondi. Tikatsika mpaka pamenepo chigawocho chimangokhala ngati babu lotha. Komanso, kunena zoona, si zimene agogo athu amaona, tinangochikonda ife.

Ukonde wa Klüver sitinautaye wonse. Anthu a vuto la Bonnet amatchulanso kwambiri mizere yonga njerwa kapena sefa yophimba khoma. Tadula katoni timabowo, taiika patsogolo pa nyali, ndipo mizereyo ikukwera khoma pang'onopang'ono kuseri kwa mdzukulu akulankhula. Iye sakuiona.

Ndi osewera

Amayi amene akusewera agogo anandifunsa funso limene linathandiza kuposa mapepala onse amene ndinawapatsa. Anati, "Achimwene, kodi anthuwa ndiziwaopa?" Ndinawayankha kuti, "Ayi amayi, mwawazolowera. Chimene mukuopa n'choti mdzukulu wanu adziwe." Anthu ambiri a vutoli amabisa kwa nthawi yaitali, poopa kuti abale aziti mutu wasokonekera. Kuyambira pamenepo amayiwa anasiya kutong'ola maso mlendo akalowa. Amangomuyang'ana pang'ono m'mbali, monga mmene munthu amachitira ndi mnzake amene sakufuna kumupatsa moni pagulu, kenako n'kubweza maso kwa mdzukulu.

Mzere umene ndimaukonda kwambiri ndi waufupi. Mtsikanayo akufunsa, "Agogo, mukuyang'ana chiyani?" Iwo akuti, "Palibe, mwana wanga. Takayatsa nyaliyo." Nyali ikayaka, ana awiri aja achoka. Agogo akudziwa mankhwala ake koma sanena.

Mtsikana wosewera mdzukulu ntchito yake ndi yowawa mwa njira ina. Wasewera filimu yonse nkhope yake isakuoneka. Zonse ayenera kuzinena ndi mapewa, ndi kaimidwe, ndi mawu.

Kudula

Agogo akaphethira, timadula pomwepo, ndipo chithunzi chotsatira mlendo mulibe kapena wasuntha. Tachita zimenezi mokhazikika m'mphindi zoyambirira kuti woonera aphunzire lamulo popanda womuuza. Chapakati agogo akuphethira, ife tikudula, koma bambo wa chipewa ali pomwepo. Akuphethiranso, ali pomwepo. Apa ndi pamene chipinda chimayamba kuthina, popanda nyimbo kapena kukuwa.

Tinabisanso zosintha zing'onozing'ono m'chipinda: katani ikusintha mtundu pakati pa zithunzi ziwiri, mpando ukusamuka, wotchi ya pakhoma ikubwerera m'mbuyo. Titaonetsa anthu amene sanawerenge nkhaniyi, palibe anatchulapo katani kapena mpando. Izi n'zodziwika kale. Daniel Levin ndi Daniel Simons anasonyeza mu 1997 kuti ungasinthe ngakhale wosewera weniweniyo pakati pa zithunzi ziwiri, anthu ambiri osazindikira, bola nkhani ikuyenda. Kwa ife tanthauzo lake ndi loti chosintha chimene woonera sanachiyang'anepo ndi ntchito yotayika, makamaka chikakhala m'chimbuuzi. Katani tabwezera mtundu umodzi. Wotchi tasiya, koma tsopano agogo amaiyang'ana kaye, ndipo kamera imaima pamenepo mokwanira kuti woonera aloweze pamene muvi uli.

Mawu

Apa ndi pamene filimu yapeza mphamvu zake, ndipo ndi ntchito ya mnzathu wa zamawu.

Alendo alibe mawu alionse. Alibe mtswatswa, alibe kupuma, nsalu zawo sizikhudzana. Koma sitizimitsa zonse akalowa, chifukwa zii weniweni wa pa kompyuta khutu limamumva ngati sipika yafa. Tinajambula phokoso la chipinda chopanda munthu, kamphepo ka pazenera ndi kulira kwa patali kwa kunja, ndipo limayenda pansi pa filimu yonse osaduka. Pamwamba pake taika mawu a anthu enieni mokokomeza pang'ono: mpando ukalira, kapu ikagunda tebulo, malaya a mtsikana akakhudza chitseko. Zambiri mwa izi tazijambulanso padera, maikolofoni ili pafupi kwambiri. Zotsatira zake n'zoti maso akuuza woonera kuti weniweni ndi bambo wa chipewa, pamene makutu akumuuza kuti weniweni ndi chimbuuzi chija chikuyenda uko.

Ndiye tinayesa kanthu. Pa mphindi ya 8 mdzukulu akudutsa kuchokera pazenera kupita pachitseko, ndipo tinachotsa mtswatswa wake wonse, masekondi ochepa chabe. Oonera aja, amene katani sanaione, apa anagwedezeka. Sanathe kunena chimene chasowa. Mmodzi anangoti, "Pali pena pake pamene mtsikana uja ndinasiya kumukhulupirira." Ubongo unali utazolowera kuti phazi likagunda pansi pamveka kanthu, ndipo pamene sipanamveke unayamba kukayikira munthuyo, osati filimu. Zikugwirizana ndi zimene Albert Powers, Christoph Mathys ndi Philip Corlett anasindikiza mu 2017: atazoloweretsa anthu kumva kaphokoso nthawi iliyonse akaona chithunzi china chake, anthuwo anayamba kunena kuti akukamva ngakhale pamene sikanalizidwe. Zimene timamva ndi kuona zimadalira kwambiri zimene tikuyembekezera. Ife tikugwira ntchito ndi chizolowezi chomwecho, kungoti tikuchimana chimene chikudikira.

Nyimbo palibe. Panali ganizo loika kulira kumene kumamveka ngati kukukwera kosalekeza, kumene Roger Shepard anafotokoza mu 1964, koma kwagwiritsidwa ntchito kwambiri moti kumangolengeza kuti konzekani kuopa.

Vuto la fayilo

Chimbuuzi ndi mdima sizigwirizana ndi kupanikiza vidiyo. Pa kompyuta yodulira zonse zili bwino, chifukwa tinajambula pa 10-bit, pamene mtundu uliwonse uli ndi masitepe 1024. Tikatulutsa pa 8-bit masitepe amatsala 256, ndipo khoma limene limada pang'onopang'ono limayamba kuoneka mizeremizere ngati mapu. Tikaikanso pa intaneti, timabokosi timawonjezeka m'malo amdima. Filimu ina ikanapirira, koma yathu ili kale ndi mizere ya dala pakhoma, ndiye woonera sangasiyanitse ya agogo ndi ya makina. Tawaza timadontho tochepa pa chithunzi chonse kuti mizereyo isweke, ndipo takweza pang'ono kuwala m'makona. Zathandiza pa sikirini yaikulu. Pa foni sitinakhutirebe.

Chigawo chomaliza, chimene sitinajambule

Pamapeto mdzukulu akutsanzika, chitseko chikulira, mtswatswa ukupita kutali. Agogo atsala. Kenako mtsikanayo waima pachitseko, ndipo kwa nthawi yoyamba m'filimu yonse nkhope yake ikuoneka bwinobwino, maso, mano, kachipsera ka pachibwano. Sakutulutsa mawu. Woonera amene waphunzira lamulo adziwa yekha tanthauzo lake, ndipo agogo nawo akudziwa. Saphethira.

Apa tikupatuka pang'ono pa zimene madokotala amalemba, chifukwa nkhope zimene anthu a vutoli amaona nthawi zambiri zimakhala za anthu osawadziwa. Tapatuka tikudziwa, ndipo tapempha dokotala wa maso kuti aonere filimu yonse isanatsekedwe, atiuze ngati pali pena pamene tanamizira odwala.

Mkangano umene ulipo ndi wa dzanja. Wodula filimu akufuna tichotse chigawo cha koyambirira pamene mtsikanayo akugwira dzanja la agogo, kuti woonera atuluke osadziwa ngati mdzukuluyo anakhalapo n'komwe. Ine ndikukana. Zonse zikakhala zokayikitsa, woonera amangosiya kusamala, ndipo nkhope ya pachitseko ija siipweteka aliyense. Payenera kukhala chinthu chimodzi chimene sichigwedezeka, ndipo kukhudza ndi kumene vutoli silinamiza. Tadula mitundu yonse iwiri, tionetsa anthu atsopano.

Palinso funso la mmene woonera adzamuzindikirire mtsikanayo, poti nkhope yake sanaionepo. Tikudalira juzi yake yofiira, chifukwa ndi mtundu umene wapulumuka bwino m'galasi lopakidwa, ndi kaimidwe kake kotsamira phewa limodzi pachitseko, kamene wachita kale kawiri m'chimbuuzi. Juziyo ikaoneka popanda galasi imawala kwambiri kuposa mmene woonera waizolowerera, ndiye pokonza mitundu tidzaizilalitsa pang'ono.

Chotsala china ndi mawu olembedwa pansi a anthu osamva. Filimu yonse yatsamira pa phokoso limene likusowa, ndipo sitingalembe kuti "mtswatswa palibe" popanda kuulula chinsinsi. Njira imene tikuyesa ndi yolemba mtswatswa wa mdzukulu nthawi iliyonse akayenda, kuyambira pachiyambi, mpaka wowerenga azolowere, kuti pa mphindi ya 8 mzerewo ukapanda kutuluka aone yekha kuti pansi pa chithunzi pali mbee. Mnzathu wa zamawu akulemba mndandanda wa phokoso lililonse ndi sekondi yake, ndipo tikufunafuna oonera osamva oti atiyesere tisanatseke fayilo.